Zimbale Zakufa za pa Waya

Panali munthu wina, mmisiri wa manja abwino, amene anali ndi kachipinda ka magemu kuseri kwa msika. Makina amene anabwera otseka kuchokera kufakitale, iye ankawamasula n'kuwaphunzitsa kusunga magemu m'kati mwake. Fumbi la kwathu kuno lilibe chisoni ndi zimbale za magemu, choncho chimbale chilichonse ankachikopera m'makinamo chisanakalike. Koma chimbalecho sankataya, ngakhale chitatheratu. Ankachipachika pa waya kudenga.

Mnzake wa chipinda choyandikana, amene ankangodzaza magemu osafunsa mwini, ankamuseka. "Achimwene, zimbale zakufazi mukuyanika kuti mudye liti?"

"Kope lililonse likhale ndi mayi wake pamwambapo," iye ankayankha.

Tsono gemu imene inkadzaza chipindacho, ya mpira, chimbale chake chinali chobwereka. Tsiku lina mwini wake anabwera kudzachitenga, poti anali atachigulitsa kwa munthu wina. "Kopelo tsalani nalo, achimwene. Ndani adziwe?"

Mmisiriyo ankadziwa kuti gemuyo ndiyo inkadyetsa ana ake. Mtima unamuwawa ndithu. Komabe anatsitsa chimbalecho pa waya, n'kuchipereka, kenako anafufuta kope lija osewera onse akuona. Osewerawo anatuluka akung'ung'udza, ulendo wa kwa mnzake uja. Mabenchi anayamba kuchita fumbi, ndipo pamsika ankati wapenga.

Patapita nthawi kunabwera oyendera za malamulo. Kwa mnzake uja anafunsa zimbale za magemu ake, osapeza n'chimodzi chomwe, ndipo makina ananyamulidwa. Kwa mmisiriyo anakhalitsa, iwonso akutsutsana okhaokha ngati kumasula makina n'kulakwa. Koma gemu iliyonse imene ankatsegula, mayi wake anali lende pa waya. Pomaliza mmodzi analoza malo opanda kanthu pakati pa zimbalezo.

"Nanga apa panali chiyani?"

"Panali chamwini, bwana. Chinapita ndi mwana wake."

Anamusiyira makina ake.

Inu amene mwabwera kudzaphunzira ntchito imeneyi, kumasula makina mudzakudziwa mwezi usanathe, si nkhani. Munthu uyu sindimusirira chifukwa anapulumuka, ayi. Ndimamusirira chifukwa tsiku limene ankafufuta gemu ija, panalibe woyendera pakhomo, ndipo kunyumba ana ankadikira chakudya. Tsiku lotero lidzakufikani, chala chili pa batani. Mudzayambe mwayang'ana pa waya wanu.