Chifukwa Chake Phiri la Mchenga la Pilat Limayenda

Kale kale, dziko la Falansa lisanadziwe msewu wa phula, kugombe lake la kumadzulo, m'chigawo chimene lero amachitcha Nouvelle-Aquitaine, kunalibe phiri la mchenga. Gombe lonse linali lathyathyathya ngati mphasa. Kumtunda kwake nkhalango ya paini inali isanadzalidwe. Kunali dambo lokhalokha, matope ndi udzudzu, moti ukaponda molakwika unkasiya nsapato pomwepo n'kubwerera kwanu chopanda nsapato.

Anthu a m'dambomo anali abusa a nkhosa, ndipo anali ndi nzeru yawoyawo. Ankamangirira miyendo yawo ku mitengo iwiri italiitali n'kumayenda ali m'mwamba, monga achitira makanja pabwalo la gule. Akatopa ankatsamira ndodo yachitatu n'kumaluka masokosi a ubweya, maso ali pa nkhosa. Mitengoyo sinkamira, chifukwa pansi pa matope a kwawoko, ukangolowa pang'ono, pali nthaka yolimba ngati mwala. Mwana aliyense wa m'dambo ankakula akudziwa zimenezi, ndipo ankayesa kuti dziko lonse analipanga choncho.

Mmodzi wa abusawo anali Bernat. Akakwera pamitengo yake anali chimphona. Akatsika, ana inu, anali wamfupi ngati mtondo, ndipo n'chifukwa chake sankatsikatsika. Tsiku lina pamsika anaona mtsikana wa kugombe, dzina lake Peirona, akugulitsa nsomba zothira mchere. Mtsikanayo atatukula nkhope kuti aone mwini wa chithunzithunzi chomwe chinamuphimba, Bernat anaiwala zomwe ankachita, sokosi lomwe ankaluka n'kugwera m'dengu la nsomba. Chikondi chawo chinayambira pamenepo, ndipo chinali chenicheni.

Koma Peirona anali ndi mayi ake, a Daunina, ndipo a Daunina anali ndi vuto lawo. Kugombeko mabwato a asodzi sankakocheza pamalo amodzi. Lero kumpoto, mawa kummwera, malinga ndi mphepo. Amayi othira nsomba mchere ankathamangira komwe mabwato alowera, ndipo wofika msanga ndiye ankasankha zabwino. A Daunina bondo linali lovuta, choncho chaka ndi chaka ankafika anzawo atatha kusankha, n'kutola zophwanyika mitu. Atamva kuti mwana wawo akufunidwa ndi munthu woyenda mutu uli m'mitambo, anati abwere timuone. Iwo ankafuna mkamwini woona mabwato akadali kutali.

Bernat anabwera atavala chikopa chake chatsopano cha nkhosa, ataonjezeranso utali wa mitengo kuti apongozi agome. Anamupatsa mpando koma anakana. Anaima tolotolo pakati pa bwalo, pamchenga.

"Mwati mumaona patali bwanji, bambo?" anafunsa a Daunina, khosi litapindikira kumbuyo.

"Mayi, ine ndikaima chonchi ndimaona ngakhale nkhosa yomwe ikuganiza zothawa mawa."

"Nanga bwato?"

"Bwato ndiye n'chiyani, mayi? Ndidzakuuzani ndi dzina la wopalasa lomwe."

Akudzitama choncho, mitengo ija inali ikulowa mumchenga pang'onopang'ono. Bernat anamva ndithu, koma sanade nkhawa. Ankadikira kuti igunde polimba paja monga kwawo. A Daunina khosi linayamba kuwongoka. Posakhalitsa ankayang'anana naye maso ndi maso, kenaka anayamba kuweramira pansi.

"Peirona, mwana wanga, kodi ndi maso angawa, kapena mlendoyu akutha?"

Anachita kumuzula amuna anayi. A Daunina ataona utali wake weniweni anagwira pakamwa, kenaka analankhula mosapsatira.

"Tamverani, bambo. Nsomba za sadini zikubwera pakatha miyezi itatu. Tsiku loyamba la mabwato, mukawaona msanga n'kundiuza kolowera, mwanayu ndi wanu. Mukalephera ndimupereka kwa a Arnaut. Iwo aja ali ndi kiyi wa nsanja ya tchalitchi."

A Arnaut anali woimba belu. Anali nkhalamba yogontha chifukwa cha belu lawo lomwe, yotsala ndi mano atatu, ndipo atatuwo aliyense ankaloza kwake. Peirona atamva dzinalo anakalirira kuseri kwa nyumba, ndipo Bernat mtima unamupweteka kuposa manyazi a kuzulidwa kuja.

Tsono apa ndi pamene Bernat anachita cholakwa chimene munthu wa kugombe sakanachita ngakhale ataledzera. Anati mumtima mwake, vuto ndi mchenga wapamwambawu basi. Ndikauchotsa ndipeza nthaka yolimba, ndiimikapo mitengo yanga, nkhani yatha. Sanafunse munthu. Paja safunsa anadya phula. Anasiyira mkulu wake nkhosa, anabwereka fosholo ndi dengu, n'kuyamba kukumba pabwalo la apongozi. Kumtunda kwa nyumba kunali dimba la kabichi, ndipo a Daunina anamuuza kuti akangothirako kamchenga kamodzi aona zakuda. Choncho mchenga wonse ankakautaya mbali ya kunyanja.

Sabata yoyamba inatha, nthaka yolimba osaoneka. Mwezi unatha. Mulu wa mchenga wotayidwawo unafika padenga. Ndipo mphepo ya kunyanja ili ngati anthu: ikaona pomwe wina wataya zinyalala, nayonso imataya pomwepo. Bernat akathira dengu limodzi, mphepo inkaonjezera makumi awiri.

Peirona ankamubweretsera buledi ndi supu ya nsomba, n'kukhala m'mphepete mwa dzenje miyendo ili lendelende.

"Bernat, kuno kulibe pansi. Agogo anga anakumba chitsime mpaka tsitsi linachita imvi, anangopeza mchenga wonyowa."

"Kulibe dziko lopanda pansi, Peirona. Nanga lakhala pa chiyani?"

"Ine sindidziwa. Ndingodziwa kuti a Arnaut ayamba kale kusoketsa jekete ya ukwati."

Bernat akamva zimenezo ankakumba ngati wamisala. Asodzi ankadutsa pomwepo kudzamufunsa ngati wapeza golide. Iye ankangokumbabe. Ankasowa nkhosa zake kwambiri, ndipo poti analibe woweta, anayamba kulankhula ndi mulu uja. Akakhuthula dengu ankausisita pambali n'kuuimbira likhweru monga ankachitira ndi nkhosa: lalitali limodzi lotanthauza kuti bwerani kuno, ndi aafupi awiri otanthauza kuti imani pomwepo. Mulu unkangokula, ukumvetsera.

M'mawa wa tsiku la mabwato, fosholo inagunda chinthu cholimba. Kaya linali dongo, kaya chidutswa cha bwato lakale, palibe akudziwa. Bernat anakuwa ndi chimwemwe mpaka mudzi wonse unathamangira kudzaona. Anamangirira mitengo yake mwachangu, anaimika polimba paja, n'kudzuka mwaulemerero. Mitengo sinamire ngakhale pang'ono.

Koma pamwamba pa dzenje panangotulukira chipewa chokha.

Munthu uja anakumba miyezi itatu osaganiza n'kamodzi komwe kuti wokumba amapita pansi. A Daunina anafika m'mphepete n'kusuzumira.

"Mukuona chiyani, bambo?"

Bernat anasuzumira pansi pa chipewa chake. "Ndikuona mapazi anu, mayi."

Anthu anaseka mpaka ena anagwa pamchenga. Bernat anamasula zingwe, anasiya mitengo yake m'dzenjemo, n'kutuluka chokwawa. Ankafuna kuthawira komwe kulibe maso a anthu, koma njira zonse zinali zodzaza ndi oseka. Kotsala kunali kumodzi, pamwamba pa mulu wake. Anayamba kukwera chopanda nsapato, misozi ili chuchuchu. Akaponda katatu ankatsetsereka kamodzi, ndipo aka kanali koyamba kuti aone kukula kwa chimene anaunjika, chifukwa miyezi yonseyo maso ake anali pansi.

Atafika pamwamba anakhala pansi n'kubisa nkhope m'manja. Anamva wina akupuma wefuwefu kumbuyo kwake. Anali Peirona.

"Bwerera, Peirona. Waona wekha. Ndine wamfupi, ndiponso ndine chitsiru."

"Za uchitsiru ndavomera. Koma utali wako ndinaudziwa kalekale. Sokosi lija linagwera m'dengu langa linali ngati la mwana wa zaka khumi, ndipo ndinalisunga ndikudziwa. Tachotsa manja kumasoko, mphuno ikutuluka mamina."

Bernat anachotsa manja. Patsogolo pake panali nyanja yonse, yotambalala kuposa momwe munthu aliyense wa m'mudzimo anaionerapo chibadwire. Ndipo kutali, cha kummwera, kunali timatanga tofiira tikubwera mondondozana. Maso a mbusa salakwa pa zinthu zoyenda pagulu. Anadumpha n'kukuwa ndi mawu omwe ankaitanira nkhosa kutsidya kwa dambo.

"Mayi! Mabwato! Kummwera! Khumi ndi awiri, lachitatu lalemedwa kwambiri!"

A Daunina sanadikire kufunsa kawiri. Ananyamula madengu n'kutsimphina ulendo wa kummwera, anzawo akadali pakamwa yasa kuyang'ana kunsanja ya tchalitchi kuti belu liwauze zoona. Koma a Arnaut kunsanjako ankangoona mchenga, chifukwa mulu wa Bernat unali utapitirira nsanja n'kutchinga nyanja yonse. Belu analiimba madzulo, anthu akutsuka madengu.

Tsiku limenelo a Daunina anasankha sadini zonenepa zokhazokha, koyamba pa zaka makumi awiri. Ukwati unachitika, ndipo Bernat anavina ndi mapazi ake enieni, mutu ukulekeza paphewa pa mkazi wake. Anali wokondwa kwambiri moti sanasamale.

Nkhani ikanathera pomwepa bwenzi zili bwino. Koma walira mvula walira matope. Mchenga wa mulu uja unayamba kupezeka m'supu, m'mabulangete, mpaka m'makutu mwa mphaka. Patatha mwezi, a Daunina anaitanitsa mkamwini wawo.

"Mwana wanga ndakupatsani. Tsono chimulu chanuchi muchisunthe. Osati kuchichotsa, ndimachifuna, koma chichoke pakhomo panga."

Munthu wanzeru akanati mayi, zimenezo sizitheka. Koma apongozi sawakanira, makamaka apongozi amene anakuonapo ukuzulidwa mumchenga. Bernat anati ayesa. Anapita kumtunda, kupitirira dimba la kabichi, anatembenuka, n'kuimba likhweru lalitali lija, akuganiza kuti angoonetsa ulemu basi.

Mulu unagwedezeka. Unalira chapansipansi ngati ng'ombe yodzuka, n'kuyamba kubwera kwa mbusa wake. Chimene Bernat anaiwala n'chakuti pakati pa iye ndi muluwo panali nyumba ya apongozi.

Khola la nkhuku linapita. Khitchini inapita. Kenaka chitseko chinatseguka, n'kutulukamo a Daunina, aja a bondo lovuta, ali liwiro la mtondo wadooka, tambala kukhwapa, poto kumutu, akulumpha mizere ya kabichi iwiriiwiri.

"Imitsani! Imitsani chinthu chanuchi!"

Bernat anasongola milomo kuti aimbe malikhweru awiri aafupi aja. Koma ana inu, tayesani kuimba likhweru uku mukuseka. Milomo inakana. Anayesanso, maso n'kugwera pa tambala, n'kuphulika ndi phwete. Peirona anamumenya kumsana kuti asiye, koma nayenso anali atagwira nthiti. Pamene ankapeza mpweya n'kuti nyumba yonse itakwiririka, ndi kabichi yemwe.

A Daunina anakakhala kwa mkamwini wawo moyo wawo wonse, ndipo m'mawa uliwonse ankamutuma kuti akaimitse mulu wake. Iye ankapita ndithu, ndi mtima wonse. Ankaima patsogolo pake, n'kusongola milomo, n'kukumbukira poto uja, basi zatha. Anakalamba akuyesabe, ndipo anamwalira asanaimbe.

Ndi chifukwa chake lero, mukapita kugombe limenelo pafupi ndi tauni ya Arcachon, mudzapeza phiri la mchenga lotchedwa Pilat, lalitali kuposa mulu uliwonse wa mchenga ku Ulaya konse. Alendo amachokera m'maiko akutali kudzalikwera, ena pa masitepe, ena chokwawa, n'kukajambulitsa pamwamba nyanja ili kumbuyo kwawo. Anthu ophunzira adzakuuzani kuti ndi mphepo imene imalikankha, ndipo musakangane nawo. Koma chaka ndi chaka limasunthira kumtunda mapazi angapo, likumeza mitengo ya paini ndi chilichonse chimene lapeza panjira, chifukwa linaitanidwa ndipo palibe analiuza kuti liime. Tsono mukadzakwera, muzidzaseka momwe mungathere. Likhweru lokha musadzaimbe, chifukwa simudziwa kuti nyumba ili kutsogoloko ndi ya yani.