Nyimbo ya Kadzamira ndi Mwala Wolemera

Pali manda a amayi anga, mphenzi ing'ambe mtengo umene ndatsamirawu ngati m'mbiri ino muli bodza ngakhale laling'ono ngati njere ya therere! Zonsezi ndinazimva kwa akuluakulu a ku Kalemera, ndipo iwo sanama akakhuta.

Kalekale, makolo athu asanaone chigwa chino, anali anthu a paulendo, ochokera kumpoto kutali, kumene mitsinje imayenda chobwerera m'mbuyo. Wowatsogolera anali mfumu yaikulu Chisindo, mwana wa Nyamazaani, mdzukulu wa Chisindo woyamba uja amene anayetsemula n'kugwetsa mlambe. Mfumuyi inali ndi mpando wamwala umene makolo ake anausiya, ndipo poyenda inkakhala pamwalapo, amuna khumi ndi awiri n'kuinyamula pa mitengo, mwala ndi mwini wake yemwe.

Woyang'anira mpandowo anali Kadzamira Phiri, mphwa wa mfumu, wobadwa kwa mlongo wake wamkulu. Ndiye ankaupaka mafuta a nsatsi, kusankha poutula, kulawa mowa wa mfumu usanafike pamlomo pake (ntchito imene sanajombepo ngakhale tsiku limodzi), ndiponso kuyankhula pabwalo pamodzi ndi nduna. Pamilandu anali katswiri. Koma mtima wake wonse unali pa bangwe wake wa nsambo zisanu ndi ziwiri, amene ankapekera nyimbo popanda womupempha. Nyimbozo zinali zabwino ndithu, vuto linali liwu. Kadzamira akayamba kuimba, nkhuku zinkasiya mazira, ndipo akuti tsiku lina fisi anabwera masana kudzaona kuti m'bale wake wakodwa pati.

Tsono pochoka kumpoto kuja, Chisindo analumbira pamaso pa mizimu, m'kamwa mutadzaza nyama ya njati, kuti sadzamanga mudzi mpaka atalemera. Anaikanso lamulo loti aliyense wonena kuti “tiime pano” adulidwe khutu. Anthu anayenda zaka zisanu ndi chimodzi, ndipo zitatu zomaliza sanagwire khasu. Mbewu zinadyedwa pang'onopang'ono mpaka panatsala chipanda chimodzi cha mapira, chimene Nankhoma, mkazi wa Kadzamira, ankachibereka kumsana ngati khanda.

Chaka chachisanu ndi chiwiri, mitambo ya mvula yoyamba itayamba kudera kum'mawa, anafika m'chigwa cha dothi lakuda, lonona mwakuti mkulu wina atatsamiritsa ndodo yake pansi, pobwera kukaitenga anapeza yaphuka masamba. Mfumu inayang'ana uku ndi uku, sinaone minyanga kapena mkuwa, ndiye inalamula kuti apume masiku awiri basi, ulendo upitirire.

Masana a tsiku lomwelo Nankhoma anapeza mwamuna wake pamthunzi akukunga nsambo, nagwedeza chipanda chija pafupi ndi khutu lake.

“Aphiri, mwamva? Chayamba kulira ngati chisekese. Anankafumbwe alowamo. Tikapanda kudzala mvula ino, chaka chamawa mudzatiphikira bangwe wanuyo.”

“Nanga ndichite chiyani, Anankhoma? Malume akamva mawu aja, khutu lapita.”

“Muli nawo awiri. Ndipo pa kaimbidwe kanuko, sindikuona kuti mumawagwiritsa ntchito.”

Kadzamira anagwira khutu lake lamanja, kenako lamanzere, napeza kuti onse awiri amawakonda mofanana. Ali chiganizire, anaona onyamula mpando atagona chafufumimba pansi pa mkuyu, akusisitana mapewa otupa, wina akubuula kuti, “Koma abale, munthu uja walemera!” Pomwepo Kadzamira analumpha ngati waponda khala la moto.

Pajatu m'chiyankhulo chathu kulemera kulipo kuwiri: kwa munthu wa chuma, ndi kwa katundu wothyola msana. Polankhula, khutu limasiyanitsa, chifukwa liwu limakwera mosiyana. Koma m'nyimbo liwu limatsata nyimbo, ndipo likakhala la Kadzamira silitsata chilichonse.

Tsiku lonyamuka, anthu atasenza akatundu, mfumu itakhala kale pamwala pake, Kadzamira anawomba m'manja, nagwada, napempha kuti apereke nyimbo ya ulendo. Mfumu inausa moyo, koma poti anali mwana wa mlongo wake, inalola. Iye anakhwacha bangwe n'kuyamba:

Chisindo walemera, ee!
Funsani mapewa, walemera!
Amene akana adzanyamule,
Chisindo walemera!

Onyamula mpando aja anavomera ndi mtima wonse, “Walemeradi!” Anavomera mwamphamvu mwakuti phiri la kutsidya linabweza mawu katatu. Amayi analowa ndi nthungululu, ana navina, ndipo mfumu inayamba kugwedeza phazi, nkhope ili ngwee, poganiza kuti anthu ake akuitama chuma.

Koma panali nduna ina, Mpotachingwe, imene inkasirira ntchito yolawa mowa ija kuyambira kalekale. Iyeyo anakweza ndodo nyimbo ili pakati.

“Chalo, musanyengedwe! Mphwanuyu sakunena za chuma ayi. Akuti mwanenepa ngati mvuu, ndipo pansi pa nyimboyi pabisala mawu oletsedwa aja. Bweretsani mpeni!”

Nankhoma anakumbatira chipanda chake. Mfumu inayang'anitsitsa Kadzamira, amene makutu ake onse awiri anali atayamba kutentha.

“Mphwanga, kulemera kwake n'kuti kumene ukuimbaku?”

“Chalo, ndi liwu langali, ndani angadziwe? Inenso mwini wake ndamvetsera, sindinazindikire.” Anthu anabisa pakamwa ndi zikhatho. Iye anapitiriza mofatsa, monga ankachitira pamilandu. “Koma ndifunse akuluakulu amene analipo tsiku la lumbiro. Malume polumbira paja, ananena kulemera kuti?”

Nkhalamba zinayang'anana. Mmodzi wa iwo anakanda mutu n'kunena kuti, kunena zoona, mfumu inali ikutafuna njati, ndiye sizinamveke bwino.

“Ngati ife sitinamve,” anatero Kadzamira, “mizimu inamva zotani? Tiyeni tiifunse. Mpando ukanyamuka, ulendo ulipo, ndipo khutu langa nali. A Mpotachingwe agwire kutsogolo, kuti pasakhale wonena kuti anyamata achita dala.”

Mfumu inavomera. Mpotachingwe anamanga nsalu m'chiuno nagwira mtengo, amuna khumi ndi awiri aja nagwiranso. Anakoka, mwala osasuntha. Anawonjezera amuna makumi atatu, mitengo inathyoka ngati mapesi. Apo n'kuti amayi atayambanso nyimbo ija chapansipansi, ndipo nthawi iliyonse akati “walemera,” mwala unkamira m'dothi kutalika kwa chala, mpaka mapazi a mfumu, amene zaka zisanu ndi ziwiri sanaponde pansi poyenda, anagunda nthaka. Nthawi yomweyo dontho loyamba la mvula linagwera pamphuno pake.

Chisindo anayang'ana zala zake za kumapazi zitalowa m'dothi lakuda lija. Kenako anaseka, mimba ikugwedezeka, mpaka misozi.

“Basi, ndalemera! Kaya n'kuti, mizimu ikudziwa. Tulani akatundu. Anankhoma, masulani mwana wanuyo tidzale.” Atapukuta misozi anatembenukira kwa mphwake. “Koma iwe mlandu ulipo. Makutu amene avutika lero ndi anga. Kuyambira lero uzipeka nyimbo, koma oimba akhale ena.”

Mapira a m'chipanda chimodzi chija anabereka mwakuti nkhokwe zinasowa pozimanga, ndipo pofika chaka chachitatu Chisindo anali atalemera kuwiri konse. Kadzamira anakhalabe wosunga mpando mpaka imvi, ngakhale kuti mpandowo sunafunenso woutula. Anapeka nyimbo zoposa tsitsi la m'mutu, Nankhoma n'kumaziphunzitsa amayi pamtondo. Anabereka Msamala ndi Nachisale, ndipo kwa Nachisaleyo n'kumene kunachokera mbumba yonse ya kwathu. Kadzamira anamwalira ndi makutu ake onse awiri.

Mudziwo mpaka lero ndi Kalemera. Nyimbo ija amayi amaiimbabe posenza mitolo ya nkhuni, ndipo mwala ulipo kuseri kwa dambo, utamira mpaka m'khosi, pamwamba pake pali maenje awiri osalala pamene panakhala matako a mfumu. Pitani mukaone nokha. Kungoti za maenjewo, azakhali anga amati ndi pamene amayi akale ankaperera mapira. Zamatakozo ndawonjezera ndine, poona kuti malowo akukwanira bwinobwino, pajatu ndinakhalapo kuyesa.