Malovu a Dzimbiri pa Kasupe

Kalekale, pamudzi wina patsinde pa phiri, panali a Dzimbiri. Poyenda ankatsogoza mimba, miyendo n'kumabwera pambuyo. Dididi! Dididi! Mawu ngati ng'oma: "Ine phiri ili limandidziwa! Ndikatsokomola, anyani amagwada!"

Tsiku lina anakwera phirilo ndi mlamu wawo, a Sandalamu, kukadula nsungwi zolukira malichero. Anadula, anadula, namanga mitolo iwiri. Anagona pa kasupe, patsinde pa mkuyu. Kasupe anali yekhayo phiri lonse.

Pamalopo panali mwambo: wochoka athire madzi pamoto, kenaka apise dzanja m'phulusa. Likakhala lozizira, ndiye ulendo.

M'mawa a Sandalamu anatunga madzi m'chipanda nati, "Alamu, ndatsogola kumtunda kukadula zina. Muzime moto, munditsatire."

"Kamoto aka? Ine ndinazimapo moto wolusa ndi mpweya wa m'mphuno!"

A Dzimbiri anaima. Anayang'ana motowo. Analavulira: thu! Basi, dididi, ulendo.

Masana pobwerera, kukhosi kuli gwa ndi ludzu, anapeza kuli bii! Udzu wapsa. Mitolo yapsa. Mkuyu wawauka. Kasupe wadzaza phulusa, madzi ake ngati phala la makala.

A Sandalamu sanakalipe. Anakhala pamwala, chipanda pamiyendo.

"Alamu, moto munazima?"

"Ndinazima! Awa ndi anyani. Masiku ano akusuta fodya!"

"Chabwino." A Sandalamu anamwa: kwiti, kwiti.

"Tandigawireni, alamu."

"Moto munazima?"

"Ndinazima! Ndi mphenzi iyi!"

"Mwezi uno wopanda ndi mtambo womwe? Chabwino." Kwiti, kwiti.

A Dzimbiri anagwada pa kasupe, nalawa. Thu! Milomo bii ngati kunsi kwa mphika. Anaona mbalame zikutera, kuyang'ana madzi, n'kuuluka osamwa. Anaona gwape ataima patali, lilime kunja. Mimba ija inaphwa. Mawu a ng'oma aja anasanduka a kamwanapiye.

"Alamu."

"Ee?"

"Phulusa sindinaligwire. Ndinangolavulira."

"Kwezani mawu, gwape uyo sanamve."

"Ndinangolavulira, ine! Kasupe ndamupha ndine!"

A Sandalamu anawapatsa chipanda. "Imwani. Mukatha, yambani kukapa phulusalo ndi manja omwewo."

Nthano yanga yazimira pomwepa, ndaithira madzi, ndagwira ndi phulusa lomwe. Pomwe wagona m'tchire, tsanzika ndi dzanja, osati ndi malovu.