Thumba la Ufa la Pulofesa Kamtedza

Padali pulofesa wina wa filosofi, dzina lake Kamtedza, yemwe ankatuma antchito a pakoleji ngati ana ake. Tsiku lina, dzuwa likuswa mtengo, adaitana a Nangozo, mayi wosesa m'makalasi.

"Mukanditengere thumba langa la ufa kuchigayo. Mukakana, ntchito yathera pomwepa."

A Nangozo msana unkawawawa, koma makutu adali bwinobwino. Zaka zisanu akusesa m'makalasi adamva zambiri.

"Bwana, dzulo munkaphunzitsa za wanzeru wa ku Girisi uja. Munati munthu asanafike komwe akupita ayenera kufika kaye pakati, ndipo asanafike pakatipo, afike pakati pa pakatipo, osatha. Ndiye kuchigayo ndikafika bwanji ine?"

Ophunzira adayamba kuunjikana. Pulofesa adakalipa: "Umbuli! Zimenezo anazitsutsa kalekale. Munthu amangonyamuka n'kuyenda, basi!"

"Ife osaphunzirafe timakhulupirira tikaona, bwana."

Pulofesa adauyatsa ulendo, ophunzira ndi a Nangozo pambuyo. Atafika kuchigayo adatambasula manja. "Mwaona?"

"Ndaona, bwana, wopanda katundu amafikadi. Nanga wosenza?"

Pulofesa adaliponya thumba paphewa nabwerera ali wefuwefu, suti yakuda itayera mbuu. Pageti ophunzira adaomba m'manja. Apo m'pamene adayang'ana thumbalo, n'kuyang'ana mayi uja atangoima chimanjamanja.

"Ndagonja, bwana, filosofi ndi yamphamvu," adatero a Nangozo mwaulemu. "Nkhuni zikakutherani mundiuze. Ndidakali ndi mafunso ena."